Chiwaya china si cha tchipisi

Mukamva mawu akuti chiwaya, maganizo anu amathamangira kuti? Musaname. Ine mpaka chaka chatha ndinkangoona tchipisi basi: mafuta akuwira pa Zalewa, mnyamata akutembenuza mbatatesi, kabichi ndi tsabola zili pambali, kondakitala akukuwa kuti minibasi ikunyamuka. Sindinkadziwa kuti mawu omwewa ali ndi tanthauzo lina, ndipo kuti tanthauzo limenelo likukhudza banja lathu lenilenilo.

Unali mwezi wa Juni, kwathu kumapiri a ku Neno, m'dera la Mfumu Dambe. Amene munafikako nyengo imeneyi mukudziwa kuti kuzizira kwake si kwamasewera. Tinali m'khitchini tikuotha moto, ine, agogo anga aakazi ndi msuweni wanga wa Folomu 4 amene ankakonzekera mayeso a MSCE. Mtsikanayu anali ndi kope la History pamiyendo, akuloweza mokweza zimene zinayambitsa nkhondo yoyamba ya padziko lonse. Sarajevo, 28 Juni 1914. Franz Ferdinand. Mgwirizano wa Germany ndi Austria-Hungary. Mpikisano wa zida zankhondo. Akakakamira ndinkamukumbutsa, popeza nanenso ndinadutsa momwemo ndipo History ndinakhoza bwino ndithu.

Agogo, amene tinkayesa kuti akusinza, anadzutsa mutu.

"Jeremani wake uti amene mukumutchulatchulayo? Yemwe uja anasenzetsa bambo anga katundu?"

Tinaseka. Msuweni wanga anati, "Ayi agogo, izi ndi za ku Ulaya, za kalekale."

"Za ku Ulaya?" Agogo anasonkhezera moto. "Nanga bambo anga anapita ku Ulaya? Anapita ku nkhondo ya chiwaya, wapansi, iwo ndi akulu awo. Pobwera anabwera okha."

Kuseka kunathera pomwepo. Ine ndi digiri yanga, munthu amene ndinalembapo mayeso za pangano la Versailles ndi za kukwera kwa Hitler, sindinkadziwa kuti bambo a agogo anga anali m'nkhondo yomweyo imene ndinkaloweza.

Mphunzitsi amene anapita kumidzi

Nditabwerera m'tauni ndinayamba kufufuza pa intaneti. Dzina limene linkangotulukatuluka linali la Melvin E. Page, katswiri wa mbiri yakale wa ku America, amene analemba buku lotchedwa The Chiwaya War. Kumeneko ndi kumene ndinadziwira kuti chiwaya cha agogo ndi mfuti yolavula zipolopolo mosalekeza ija, ndipo kuti makolo athu anaitcha nkhondo yonseyo dzina la mfutiyi.

Page anabwera kuno ali wachinyamata, kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, kudzaphunzitsa History ku Chancellor College. Inali nthawi imene kolejiyi inkasamuka ku Chichiri mu Blantyre kupita ku Zomba. Pofika nthawi imeneyo, mabuku okamba za nkhondo ya 1914 mpaka 1918 anali osawerengeka. Ambiri ankanena za mafumu ndi nduna za ku Ulaya, za ngalande zimene asilikali ankabisalamo ku France ndi ku Belgium. Ochepa amene ankakamba za nkhondoyi kuno kummawa kwa Africa ankatanganidwa ndi kuchenjera kwa mkulu wa asilikali a Germany, Paul von Lettow-Vorbeck. Anthu akuda ankapezekamo ngati manambala chabe.

Page anaona chinthu chapafupi chimene anzake sankachilabadira. Mnyamata amene anali ndi zaka 20 mu 1916, pofika 1972 anali ndi zaka 76. Ambiri anali adakali moyo, ali phee m'midzi, popanda wowafunsa kanthu. Choncho iye ndi ophunzira ake Achimalawi anayamba kuyenda m'maboma osiyanasiyana, kukhala pansi ndi nkhalamba zimenezi n'kumazifunsa m'zilankhulo zawo. Anacheza ndi anthu oposa 100: amene anali asilikali, amene ankanyamula katundu, ndi ena amene anatsala kumudzi n'kuona mmene nkhondo inasinthira moyo.

Zimene anamvazo zinakhala maziko a ntchito yake kwa zaka pafupifupi 50. Mu 1977 analandira digiri ya PhD ku Michigan State University atalemba za Amalawi m'nkhondoyi. Mu 1978 anatulutsa nkhani m'magazini ya akatswiri yotchedwa Journal of African History, mutu wake The War of Thangata. Mu 1980 analemba za mmene nkhondoyi inakhudzira Achewa, ndipo mu 1987 anasonkhanitsa zolemba za akatswiri angapo m'buku lotchedwa Africa and the First World War. Anaphunzitsa zaka zambiri ku East Tennessee State University. Buku lake lalikulu, The Chiwaya War, linatuluka mu 2000 ku America, ndipo mu 2021 linasindikizidwanso konkuno ndi Mzuni Press. Chaka chomwecho mawu enieni a anthu amene anafunsidwa aja anatuluka m'mabuku awiri otchedwa Chiwaya War Voices.

Taganizani: anthu onse amene anacheza nawowo anamwalira. Akanazengereza zaka khumi kapena khumi ndi zisanu, akanapeza manda okhaokha.

Nkhondo ya azungu inafika bwanji kwathu?

Chimene kope la msuweni wanga silinatsindike n'chakuti mu 1914 Germany inali yoyandikana nafe. Dziko limene lero ndi Tanzania, kuchotsapo Zanzibar, pamodzi ndi Rwanda ndi Burundi, linali m'manja mwa Ajeremani. Ukangowoloka mtsinje wa Songwe ku Karonga, walowa m'dziko lawo. Malire amenewa anawalemba Angerezi ndi Ajeremani m'pangano la Heligoland la 1890. Ngati dzinali likumveka lodziwika, n'chifukwa chakuti ndi pangano lomwelo limene Malawi amatchula mpaka lero pa mkangano wa nyanja ndi Tanzania. Mbiri ya Germany ili m'nkhani zimene timakangana pa Facebook, kungoti sitiizindikira.

Britain inalengeza nkhondo ndi Germany pa 4 Ogasiti 1914. Pasanathe masabata awiri, mzinga unali utalira kale panyanja yathu. Sitima ya boma la atsamunda yotchedwa Guendolen, yoyendetsedwa ndi Kaputeni Rhoades, inapita ku Sphinxhaven, kumene lero ndi ku Liuli m'dziko la Tanzania, n'kukaombera sitima ya Ajeremani ya Hermann von Wissmann imene inali pamtunda ikukonzedwa. Nkhani yake imati kaputeni wa Ajeremaniyo, amene anali mnzake wa Rhoades, anali asanamve n'komwe kuti kwabuka nkhondo, ndipo anabwera atakwiya kudzafunsa ngati mnzakeyo waledzera. Mzinga wa pa Guendolen ulipo mpaka pano ku Mangochi, pafupi ndi nsanja ya wotchi ija. Ambirife tinajambulitsapo chithunzi tikupita kunyanja osafunsa kuti unkagwira ntchito yanji.

Pa 9 Sepitembala 1914 kunachitika nkhondo yeniyeni ku Karonga. Gulu la Ajeremani linawoloka Songwe n'kuukira boma la Karonga, koma linabwezedwa. Mbali zonse ziwiri, ochuluka mwa amene ankaomberana ndi kufa anali anthu akuda.

Mmodzi mwa anthu amene anaona msanga kumene zinthu zinkalowera ndi Mbusa John Chilembwe, yemwe uja timamuona pa K2,000. Mu Novembala 1914 analembera kalata nyuzipepala ya Nyasaland Times kudandaula kuti anthu osauka a dziko lino akutengedwa kukafera nkhondo imene si yawo, imene sadzapindula nayo kanthu. Boma linaletsa kalatayo kuti isafalikire. Pa 23 Januwale 1915 kuukira kwake kunayamba, ndipo pa 3 Febuluwale anaphedwa. Ku sukulu nkhani ya Chilembwe ndinaiphunzira tsiku lina, ya nkhondo ya ku Ulaya tsiku linanso, ndipo m'mutu mwanga zinakhala m'madengu awiri osiyana. Powerenga Page ndi pamene ndinaona kuti ndi nkhani imodzi.

Nkhondo ya thangata

Mu Meyi 1916 asilikali a Britain otsogozedwa ndi Edward Northey analowa m'dziko la Ajeremani kuchokera ku Nyasaland ndi ku Northern Rhodesia. Apa ndi pamene moto unafika m'midzi ngati wathu.

Vuto linali la kanyamulidwe. Katundu wankhondo ankabwera pa sitima yapamtunda mpaka ku Limbe, n'kudutsa ku Zomba kupita ku Fort Johnston, imene lero ndi Mangochi, kenako pa sitima yapamadzi mpaka kumpoto kwa nyanja. Kupitirira pamenepo kunalibe misewu yoti galimoto n'kuyendamo bwino. Mahatchi ndi ng'ombe zinkafa ndi matenda ofalitsidwa ndi ntchentche za kashembe. Chotsala chinali mutu wa munthu. Chipolopolo chilichonse, thumba la mpunga lililonse, tenti ndi mankhwala, zonse zinkayenda pankhata. Ndipo wonyamulayo nayenso ankafunika kudya, ndiye kuti pankafunika anthu ena onyamula chakudya cha onyamula katundu. Mtunda ukamatalika, chiwerengero cha anthu ofunika chinkangokwera.

Lettow-Vorbeck anali ndi asilikali pafupifupi 15,000 pa nthawi imene anachuluka kwambiri, ambiri mwa iwo Aafirika. Cholinga chake sichinali kugonjetsa Angerezi koma kuwatopetsa, kuti azimuthamangitsa m'tchire m'malo motumiza asilikali awo ku Ulaya. Mu Novembala 1917 anawoloka mtsinje wa Rovuma kulowa mu Mozambique, anazungulira kumeneko, kenako anatulukira ku Northern Rhodesia. Anagonja pa 25 Novembala 1918 ku Abercorn, kumene lero ndi ku Mbala m'dziko la Zambia, patatha masabata awiri nkhondo itatha kale ku Ulaya. Kulikonse kumene iye ankathawira, m'mbuyo mwake munali mzere wa anthu osenza katundu wa omuthamangitsa.

Chiwerengero chake n'chodabwitsa. Amuna a dziko lino pafupifupi 19,000 anamenya nkhondoyi ngati asilikali, ambiri m'gulu la King's African Rifles. Amene anagwira ntchito ya mtengatenga anali pafupifupi 200,000. Nthawi imeneyo dziko lonse linali ndi anthu ongopitirira pang'ono miliyoni imodzi, kuphatikizapo amayi, ana ndi nkhalamba. Werengani nokha. Ndi midzi yochepa kwambiri imene inapulumuka.

Page anatcha nkhani yake ya 1978 kuti nkhondo ya thangata chifukwa ndi mmene anthu amene anacheza nawo ankaionera: ntchito yokakamizidwa, yopanda phindu kwa woigwira. Anthu anamufotokozera mmene ankagwidwira. Mafumu ankapatsidwa chiwerengero cha amuna oti apereke, ndipo wolephera ankalangidwa. Amene sanakhome msonkho wa nyumba ankatengedwa msanga. Amesenjala ndi apolisi ankafika usiku anthu ali m'tulo. Mwamuna akathawira kutchire, nthawi zina ankagwira mkazi wake mpaka mwini wakeyo adzipereke. Anthu nawonso sankangokhala. Ena ankabisala m'mapiri ndi m'mapanga, ena ankadutsa malire, ndipo Page analemba kuti pakati pa Achewa ngakhale nyau zinathandiza amuna kuzemba ogwira anthuwo.

Amene anapita anakumana ndi njala, mvula, kuzizira kwa m'mapiri, zikoti, malungo ndi kamwazi. Mtolo umodzi unkalemera pafupifupi makilogalamu 25, theka la thumba la chimanga, tsiku ndi tsiku, popanda nsapato. Ochuluka mwa amene anafa sanafe ndi chipolopolo ayi. Anafa ndi matenda ndi kutopa, m'mbali mwa njira.

Tsiku lomwelo, ku Germany

Pofufuza chifukwa chake makolo athu anavutika chonchi, ndinagwera pa katswiri winanso, uyu Mjeremani weniweni, Fritz Fischer. Anabadwa mu 1908, anamwalira mu 1999, ndipo anali pulofesa ku yunivesite ya Hamburg. Njira yake inali yosiyana ndi ya Page. Iye ankafukula zikalata zakale za boma.

Mu 1961 Fischer anatulutsa buku lotchedwa Griff nach der Weltmacht, kutanthauza kulakalaka kugwira ulamuliro wa dziko lonse. Nthawi imeneyo Ajeremani ambiri ankakhulupirira kuti mu 1914 maiko onse a ku Ulaya anangoterereka n'kugwera m'nkhondo, popanda mmodzi wolakwa kuposa anzake. Fischer anati ayi. Potengera zikalata za boma lomwelo, ananena kuti atsogoleri a Germany anali ndi gawo lalikulu poyambitsa nkhondoyo ndipo anali ndi zolinga zokulitsa ulamuliro wawo. Chikalata chimodzi chimene anachitulutsa poyera chinali mndandanda wa zimene Germany inkafuna kupeza ikapambana, wochokera mu ofesi ya nduna yaikulu Bethmann Hollweg. Mwa zina, munalembedwa za kupanga ufumu umodzi waukulu wa atsamunda Achijeremani pakati pa Africa. Maloto amenewa ankawatcha Mittelafrika, ndipo amene ankawalota maso awo anali pa Congo ndi pa maiko a Apwitikizi, Angola ndi Mozambique. Ife a ku Neno, Mozambique timachita kuiona ndi maso tikakwera phiri.

Tsopano tamverani deti la chikalatacho: 9 Sepitembala 1914. Tsiku lomwelo limene anthu ankaphana ku Karonga. Nditaona zimenezi ndinaika foni pansi kaye.

Bukuli linautsa mapiri pachigwa ku West Germany. Akatswiri akuluakulu monga Gerhard Ritter anamutsutsa mwamphamvu, ndipo mu 1964 boma linachotsa ndalama zimene zinayenera kulipira ulendo wake wokaphunzitsa ku America. Fischer mwiniwakeyo sanali woyera ngati mngelo: ali wachinyamata anali membala wa chipani cha Nazi. Ndipo mkangano umene anauyambitsa sunathe. Mu 2012 Christopher Clark, m'buku lake The Sleepwalkers, anabwezeretsa maganizo akuti mlandu wa 1914 uyenera kugawidwa pakati pa maiko angapo. Ku sukulu tinkaloweza zifukwa za nkhondo ngati kuti nkhaniyo inatha kalekale, chonsecho eni akewo akukanganabe.

Koma kaya wolakwa kwambiri anali ndani, bambo a agogo anga sanasenzetsedwe katundu ndi Mjeremani monga ananenera agogo. Anawagwira ndi boma la Angerezi, kuti akathandize kulanda dziko la Mjeremani. Nkhondo itatha, pangano la Versailles la 1919 linalanda Germany maiko ake onse a ku Africa, ndipo Tanganyika inaperekedwa m'manja mwa Britain. Njovu zinamenyana, imodzi inapambana, udzu unaphwanyika chimodzimodzi. Fischer anatiuza zimene zinali m'mitu ya olamula. Page anatiuza zimene zinali pamitu ya olamulidwa. Kuti nkhondoyi uimvetse, umafunika onse awiri.

Zimene zinatsalira

Nkhondo isanazizire n'komwe, kumapeto kwa 1918 kunabwera mliri wa fuluwenza umene unapha anthu miyandamiyanda padziko lonse. Kuno unafalikira mosavuta chifukwa cha asilikali ndi amtengatenga amene ankabwerera kwawo. Unapeza midzi ili kale ndi njala, popeza amuna olima anali atachoka ndipo chakudya chambiri chinali chitapita kukadyetsa asilikali.

Zina zimene zinatsala timaziona popanda kudziwa gwero lake. Magule monga beni, malipenga ndi mganda, ndi mayunifolomu ake, maudindo ake ndi kuguba kwake, amatsanzira perete wa asilikali, ndipo anafalikira kwambiri m'dziko muno nkhondoyi itatha. Ku Zomba kuli chipilala chachitali chokumbukira asilikali a King's African Rifles, ndipo mwezi wa Novembala chaka chilichonse akuluakulu a boma amakaika nkhata za maluwa pokumbukira amene anafa pa nkhondo. Ku Karonga kuli manda a ena amene anafa mu 1914. Koma amtengatenga ambiri amene anagwera m'njira alibe manda odziwika. Akulu awo a bambo a agogo anga ndi mmodzi mwa iwo.

Mphindi 47

Mwezi wa Ogasiti ndinabwereranso kumudzi ndi cholinga chimodzi. Ndinatsika pa Neno Boma, n'kukwera njinga yamoto mpaka kumtunda, fumbi lili tholo m'maso. Ndinagula shuga, sopo ndi chitenje. Foni yanga inali yodzaza, ndiye ndinafufuta mavidiyo a TikTok ndi nyimbo kuti ndipeze malo.

"Agogo, ndikufuna mundiuze za bambo anu aja. Ndijambula mawu anu pafoni, mukundilola?"

Anandiyang'ana n'kuseka. "Amuna anga, lero mwabwera ndi zachilendo. Kafoni kameneka kasunga mawu a nkhalamba?"

Anayamba pang'onopang'ono. Iwo anabadwa nkhondoyo itatha kalekale, ndiye zonse anachita kumva. Anati bambo awo sankakonda kuikamba, kupatula akamwa pang'ono mowa wamasese. Anawagwira usiku, iwo ndi akulu awo, m'nyumba zoyandikana. Mayi awo anawathamangira ndi chimanga chokazinga chomanga pansalu. Anayenda wapansi mpaka ku Blantyre, ndipo kuchokera kumeneko agogo sadziwa maina a malo. Amangodziwa kuti anakwera sitima panyanja, kenako kunali mapiri ozizira kuposa kwathu kuno.

"Pamutu pawo apa," agogo anagwira paliwombo, "tsitsi silinamerenso. Ife ana tinkaseka, tinkati ndi dazi. Mayi anatikalipira, anati limenelo si dazi, ndi katundu wa azungu."

Akulu awo aja anadwala kamwazi ali m'njira. Tsiku loyamba mng'ono wawo anawathandiza kusenza. Tsiku lachiwiri analephera kudzuka. Gulu silinkadikira munthu. Anawakhazika pansi pa mtengo, anawasiyira madzi m'chikho, ulendo n'kupitirira. Pobwerera anadzera njira ina.

"Ndiye maliro ake munalira bwanji, agogo?"

"Analira opanda mtembo. Kumanda kwathu kuja kulibe. N'chifukwa chake amalume ako aakulu anapatsidwa dzina lawo, kuti lisatayike."

Dzina limenelo ndakhala ndikulitchula moyo wanga wonse. Sindinadziwe kuti ndi chipilala.

Anandiuzanso kuti bambo awo sankalola mwana kusiya nsima m'mbale, ndipo mvula ikamagwa usiku sankagona, ankangokhala tsonga pamphasa. Kenako agogo anakhala chete, n'kunena mawu amene anandilasa.

"Ukanafunsa achimwene anga. Iwo ndiye ankadziwa zonse, ndi maina a malo omwe, ngakhale nyimbo imene ankaimba posenza. Ankakhala nawo kwambiri bambo."

Achimwene awowo anamwalira mu 2021. Ndinkawadziwa bwino. Chaka chimene anamwaliracho ndinakawaona kawiri, foni ili m'manja. Ndili ndi zithunzi zitatu zimene ndinajambulitsa nawo, ine ndikumwetulira, iwo akuyang'ana kumbali. Mawu awo ndilibe ngakhale a sekondi imodzi. Ndinkati ndidzacheza nawo bwino tsiku lina ndikadzapeza mpata. Zengerezu adalinda kwawukwawu.

Zimene ndinajambula kwa agogo ndi mphindi 47. M'katimo muli tambala akulira, mwana akulirira phala, ndi agogo akukalipira mbuzi. Sindinadulemo kanthu.

Nanga inu mukudikira chiyani?

Page anachita kuwoloka nyanja zikuluzikulu kuti adzamve nkhani za makolo athu, ndipo ankadalira ophunzira ake kuti amumasulire. Inu chilankhulo mukuchidziwa, nkhalambazo ndi abale anu, ndipo chojambulira mawu chili m'thumba mwanu.

A nkhondo ya chiwaya anapita onse. Koma alipo amene anaona njala ya 1949 ali ana. Alipo amene akukumbukira zipolowe za 1959, amene anakwera ndege ya Wenela kupita kumigodi ya ku Joni, amene anavina pamaso pa Kamuzu, amene anaponya voti pa riferendamu ya pa 14 Juni 1993. Kwathu ku Neno alipo ambiri amene analandira anthu othawa nkhondo ya ku Mozambique, ndipo dzina la Luwani likatchulidwa ali ndi zambiri zoti anene. Zonsezi tsiku lina ana athu adzaziloweza m'makope, mwina zolembedwa ndi munthu wochokera kutali.

Zimene ndinaphunzira pa tsiku limodzi lija ndi zochepa koma zingakuthandizeni. Pemphani chilolezo kaye, ndipo akakana musaumirize. Ikani foni pa flight mode kuti wina asakuimbireni nkhani ili pakati. Yambani ndi kutchula deti, malo ndi dzina la amene mukucheza nawo. Musafunse mafunso akuluakulu ngati a pamayeso. Funsani kuti munkadya chiyani, munavala chiyani, munali ndi ndani. Nkhani zikuluzikulu zimatulukira m'tinthu ting'onoting'ono. Akasokoneza chaka kapena dzina, musawadule pakamwa, mudzafufuza pambuyo. Akakhala chete, inunso khalani chete. Mukamaliza, tumizani mawuwo kwa abale awiri kapena atatu ndipo muwasungenso pa imelo, chifukwa mafoni amabedwa ndipo amagwera m'madzi.

Ine ndinatumiza mphindi 47 zija pa gulu la WhatsApp la banja lathu, limene nthawi zambiri limangokhala la mauthenga a maliro ndi zopereka za ukwati. Usiku womwewo amalume aakulu aja, amene ali ku Johannesburg, anandiimbira. Ali ndi zaka zoposa 60. Anati ankadziwa kuti dzina lawo ndi la malemu wina wa m'banja, koma za mtengo uja ndi chikho cha madzi anali asanamvepo. Anakhala chete nthawi yaitali mpaka ndinayesa kuti netiweki yadula.

Msuweni wanga uja analemba mayeso ake. Akuti funso la zotsatira za nkhondo yoyamba ya padziko lonse linabweradi, ndipo anayankha monga mwa kope: Versailles, League of Nations, kugwa kwa mafumu a ku Ulaya. Anachita bwino, mayeso amafuna zimenezo. Koma anandiuza kuti polemba ankangoona mutu wopanda tsitsi uja.

Mwezi wamawa ndikupitanso kumudzi. Agogo akuti akumbukira mbali ina ya nyimbo ija.